Bellini wa ku Venice ndi kachasu wa m'chigwa cha Luangwa

Pa Sande, cha m'ma 11 koloko, malo odyera a ku Kabulonga, ku Woodlands ndi ku Ibex Hill amadzaza ndi achinyamata obwera ku brunch. Liwuli ndi lakale kuposa mmene ambiri amaganizira. Mngelezi wina dzina lake Guy Beringer analilemba m'magazini mu 1895, pofuna kuthandiza anthu amene amwa Loweruka usiku kuti asamavutike kudzuka m'mamawa. Pa menyu ya zakumwa pamakhala Mimosa, ndipo pafupi naye pamakhala Bellini, amene ndi mapichesi ophwanya osakaniza ndi waini wa thovu, woperekedwa m'galasi lalitali lowonda. Ambiri a ife amene timajambula galasilo n'kuika pa Instagram tili ndi agogo ku Petauke kapena ku Nyimba, ndipo m'midzi ya kumeneko mulinso chakumwa cha zipatso chimene mbiri yake ndi yaitali kuposa ya Bellini. Chakumwacho sichilembedwa pa menyu iliyonse, ndipo wochipanga amathawa akamva kuti apolisi a khonsolo afika.

Tiyambe ndi Bellini. Mu 1931 Giuseppe Cipriani, amene poyamba anali wogulitsa mowa mu hotela, anatsegula kabala kakang'ono mumzinda wa Venice ku Italy. Anakatcha Harry's Bar polemekeza Harry Pickering, mnyamata wa ku America amene iye anam'bwereka ndalama atasowa pogwira, ndipo mnyamatayo anabweza zochuluka zoti n'kutsegulira bizinesi. M'balamo ndi mmene Bellini anabadwira, ndipo chaka chimene chimatchulidwa kawirikawiri ndi 1948. Dzinalo ndi la Giovanni Bellini, katswiri wojambula zithunzi wa mumzinda womwewo amene anamwalira mu 1516. Nkhani imati mtundu wofiirira wa chakumwacho unakumbutsa Cipriani chovala cha woyera mtima wina pa chithunzi cha katswiriyo.

Chimene otsatsa malonda satiuza n'chakuti Cipriani sanapite kutali kukafuna zinthu zake. Mapichesi oyera amalimidwa m'minda ya m'chigawo cha Veneto, chimene likulu lake ndi Venice. Prosecco ndi waini wa m'mapiri a chigawo chomwecho, ndipo masiku amenewo anali waini wamba wotchipa, wosayandikira n'komwe ulemu wa Champagne wa ku France. Kuviika mapichesi mu waini nthawi yotentha unali mwambo wa m'makomo mwa alimi kalekale. Komanso Bellini anali wa nyengo. Mapichesi oyera amapsa kuyambira Juni mpaka Seputembala, amawafinya ndi manja, ndipo akatha chakumwacho chinkathanso mpaka chaka chamawa. Chinayamba kupezeka chaka chonse pamene anthu anayamba kuumitsa phala la mapichesi m'mafiriji. Mu 2001 boma la Italy linaika Harry's Bar pa mndandanda wa malo a mbiri ya dziko.

Nanga bwanji ku Nyimba sitiona minda ya mapichesi? Mtengo wa pichesi unachokera ku China, unadzera ku Persia, ndipo unazolowera chisanu. Kuti uchite maluwa bwino umafuna maola mazanamazana a kuzizira kofika pafupifupi madigiri 7 kapena kutsika pamenepo. Ku Dedza ndi ku Ntcheu m'dziko la Malawi, ndiponso ku Angónia ku Mozambique, mapiri ndi aatali ndipo mu Juni kumazizira kwambiri, n'chifukwa chake chakumapeto kwa chaka mapichesi amagulitsidwa m'mabeseni m'mbali mwa msewu wa ku Lizulu. Nyimba ili m'munsi, moyang'anana ndi chigwa cha Luangwa kumene mu Okutobala kutentha kumatha kupyola madigiri 40. Mtengo umodziumodzi ungapezeke pakhomo la munthu kumtunda, koma mapichesi okongola amene timagula m'masitolo akuluakulu a mu Lusaka ambiri amabwera pa thiraki kuchokera ku South Africa, ndipo amathyoledwa asanapse kuti apirire ulendo.

Zipatso zathu n'zina, ndipo aliyense amene anakwerapo basi ya ku Chipata amazidziwa mwa dongosolo lake. Pa Luangwa Bridge, makilomita opitirira 200 kuchokera mu Lusaka, pali nsomba zouma, madengu ndi masau. Mukakwera mapiri n'kudutsa Kacholola mumafika pa Nyimba, pamene mikoko ya nthochi imakwezedwa mpaka pa windo basi isanaime n'komwe. Mvula ikayandikira, nkhalango za kumtunda cha ku Petauke zimagwetsa masuku, kenaka mango amabwera ochuluka moti ena amaolera pansi pa mtengo. Pa zonsezi masau ndiwo ali ndi nkhani yaitali ndi mowa. Amapsa m'nyengo yozizira, amauma bwino padzuwa, amasungika miyezi yambiri, ndipo m'zigwa za Zambezi ndi Luangwa anthu akhala akuwaviika n'kutchezera kachasu kwa mibadwo ingapo.

Apa m'pamene nkhani yoti "chathu" ndi "chachizungu" imasokonekera. Mowa wa makolo athu enieni unali wa masese: chimera cha mawere kapena mapira, ufa, madzi, moto ndi masiku angapo. Ndiwo unkathiridwa pansi popempha mvula kwa mizimu, ndiwo unkaitanira anthu kudzathandiza kulima m'munda, ndiwo unkatsiriza maliro. Sunali waukali kwambiri, ndipo unkakhutitsa ngati phala. Kutcheza, kutanthauza kuwiritsa mowa kuti nthunzi yake idutse m'paipi n'kusanduka madzi oyera aukali, ndi luso limene linabwera ndi alendo. Liwu lakuti kachasu linachokera ku cachaça, dzina la Chipwitikizi la mowa wotcheza wa nzimbe umene unayamba ku Brazil m'zaka za m'ma 1500. Lili m'gulu limodzi ndi nsapato, kalata, kapitawo ndi vinyo, mawu amene anakwera mtsinje wa Zambezi pamodzi ndi amalonda. Ngakhale mtengo wa masau, akatswiri a zomera amati kwawo ndi ku Asia. Ku Tete olankhula Chipwitikizi amatcha chipatsocho maçanica, ngati kunena kuti kaapozi.

Njira imene lusoli linadzera ndi yodziwika. Kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1700 amalonda a Chipwitikizi ndi a ku Goa anakhazikika ku Zumbo, pamene Luangwa amathira mu Zambezi, ndipo tsidya lino panali Feira, pamene lero timati boma la Luangwa. Malowo anasiyidwa m'zaka za m'ma 1830. David Livingstone atadutsa mu Januwale 1856 anapeza mabwinja a tchalitchi ndi belu losweka. Koma mu 1862 Apwitikizi anabwerera, ndipo zaka zotsatira zinali zowawa kwa Ansenga. Anthu amphamvu monga José de Araújo Lobo, wodziwika kuti Matakenya, ndi José do Rosário Andrade, wodziwika kuti Kanyemba, anali ndi magulu a Achikunda onyamula mfuti amene ankakwera chigwa cha Luangwa kufuna minyanga ya njovu ndi akapolo. Achikunda ena anakhazikika konko, anakwatira akazi a Chinsenga, ndipo anasiya mfuti za gogodela, mawu achilendo ndi kaphikidwe ka mowa woyera. Si mwangozi kuti akuluakulu amanena zoti paipi yoyamba yotchezera inali mpope wa mfuti. Chitsulo chabowo chimene chinalipo m'mudzi masiku amenewo chinali chomwecho.

Chida chake sichinasinthe kwenikweni. Masau, kapena gaga ndi shuga, amaviikidwa m'mgolo masiku angapo mpaka kuwira kutatha. Kenaka amathira mumphika waukulu kapena m'diramu, amavundikira, amamata m'mbali kuti nthunzi isathawe, ndipo paipi imadutsa m'chomwera cha mtengo chodzaza madzi ozizira. Botolo limadikira kumapeto. Loyamba kudzaza ndi limene amati mutu kapena nambala wani, laukali kuposa onse. Mayi wodziwa ntchitoyi amayang'ana moto ngati mmene namwino amayang'anira wodwala, chifukwa moto ukakula mowa umapserera ndipo ukachepa paipi imangodontha.

Chimene chinalekanitsa kachasu ndi Bellini ndi lamulo. Mu 1890 mayiko a ku Ulaya anasaina pangano ku Brussels lonena za kuthetsa malonda a akapolo, ndipo m'panganomo anaikamo zoletsa mowa waukali kwa anthu akuda m'dera lalikulu la pakati pa Africa, kuphatikizapo kuno. Asilikali a Britain atagonjetsa Angoni a Mpezeni mu 1898, boma latsopano la ku Fort Jameson linatenga mfundo imeneyi. Mzungu ankaloledwa kumwa wisiki ndi waini wake pakhonde, koma munthu wakuda akapezeka ndi botolo lomwelo unali mlandu, ndipo kutcheza kunali mlandu wokulirapo. Kwa zaka zambiri za utsamunda, galasi la waini limene lero timakweza pa brunch likanam'tengera agogo athu ku khoti.

Mipingo inawonjezera pamenepo. A Dutch Reformed anatsegula mishoni ya Nyanje mu 1905 ndi ya Hofmeyr mu 1914, ndipo Akatolika anafika ku Minga mu 1923. A Dutch anali okhwima kwambiri pa nkhani ya mowa: Mkhristu wofulula kapena wakumwa ankaimitsidwa pa mgonero, ndipo chololedwa chinali thobwa. Sindikunena kuti analibe chifukwa. Anaona mabanja akupasuka, ndipo amayi ambiri a mumpingo anagwirizana nawo chifukwa ndiwo ankalandira zibakera usiku. Koma zotsatira zake n'zakuti luso la mowa linakankhidwira kuseri kwa nyumba, kumene palibe amene akanaliphunzitsa poyera kapena kulikonza.

Chodabwitsa n'chakuti boma lomwe linaletsalo ndilo linachititsa kuti kachasu afalikire. Msonkho wa nyumba utayamba kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1900, amuna a ku Petauke anayenda pansi kudzera ku Feira kukagwira ntchito m'migodi ndi m'mafamu a ku Southern Rhodesia, ndipo pambuyo pake ena analowera ku Copperbelt. M'midzi munatsala amayi, ana ndi okalamba. Mayi wofuna ndalama ya sopo, ya mchere kapena ya sukulu analibe zogulitsa zambiri. Mowa wa masese umasasa pakapita masiku ochepa, ndipo kuunyamula n'kovuta. Kachasu saola, amalowa m'botolo, amabisika mumtanga, ndipo wobwera kuchokera ku Salisbury ndi ndalama m'thumba amam'funa. Pali aphunzitsi, anamwino ndi maloya m'dziko muno amene fizi yawo inatuluka m'paipi imeneyo, ngakhale kuti pa phwando la digiri nkhaniyi sitchulidwa.

M'matauni nkhondo inali ya mtundu wina. Makhonsolo anamanga mabiyaholo awo, analetsa amayi kufulula m'makomboni, ndipo phindu la mowa ndilo linkalipirira zinthu zochepa zimene anthu akuda ankapatsidwa. M'zaka za m'ma 1950 amayi a mu Lusaka anachita zionetsero zokana chiletsocho, ndipo chipani cha African National Congress chinalimbikitsa anthu kunyanyala mabiyaholo. Nthawi yomweyo ku Kitwe, Max Heinrich, amene anaphunzira zofulula ku Berlin, anatenga mowa wa masese wa amayi aja n'kuulowetsa m'fakitale. Ndiye Chibuku. Taonani mmene zinayendera: mowa womwewo ukaphikidwa ndi mayi kuseri kwa nyumba unali mlandu, ukaphikidwa ndi kampani unali bizinesi yolipira msonkho.

Pofika nthawi ya ufulu wa 1964 tsankho pa botolo la wisiki linatha, koma kachasu anatsala kunja kwa lamulo, ndipo ali komweko mpaka lero. Kenneth Kaunda sankamwa, ndipo anadandaula poyera kangapo za uchidakwa mpaka kuopseza kuti atula pansi udindo. Nthawi yake inayesako kulemekeza zipatso za kuno: kunali fakitale ya zinanazi ku Mwinilunga, ndipo ndalama zakunja zitasowa m'zaka za m'ma 1980 ana anakulira pa Tip Top m'malo mwa Coca-Cola. Zonsezo zinazimiririka msika utatsegulidwa. Kenaka kunabwera tujilijili, timapaketi ta mowa waukali totchipa moti mwana wa sukulu ankatha kugula, ndipo boma linatiletsa mu Epulo 2012. Amene ankamwa tujilijili sanasiye kumwa. Ambiri anangosamukira ku shabini.

Tisanamizane, kachasu wa masiku ano amapha. Pali zifukwa ziwiri. Choyamba ndi ukali wosayezedwa: womwa sadziwa ngati botolo la lero lili ndi mphamvu yofanana ndi la dzulo, ndipo ambiri amamwa m'mimba mulibe kanthu. Chachiwiri ndi zimene zimalowa m'botolo. Zipatso zikawira zimatulutsako methanol, amene akachuluka amaononga maso ndi ubongo, ndipo madontho oyamba a m'paipi amanyamula zinthu zina zoipa zimene mafakitale amataya dala. Kwathu madontho amenewo ndiwo amagulitsidwa modula. Onjezani madiramu amene kale munali mankhwala, mapaipi a dzimbiri, ndi ogulitsa ena a m'tauni amene amathiramo zinthu zosadziwika kuti mowa "ugwire" msanga. Aliyense wokulira ku Chawama, ku Kanyama kapena ku Mtendere akudziwa bambo wina wotupa masaya ndi mapazi amene kale anali kalipentala wabwino. Funso langa n'lakuti, pa zoopsa zimenezi, n'zingati zimene zimachokera ku masau, ndipo n'zingati zimene zimachokera ku zaka zoposa 100 za kubisala?

Mayiko ena anayankha funsoli mosiyana ndi ife. Kholo la kachasu, cachaça wa ku Brazil, naye analetsedwa ndi mfumu ya Portugal chifukwa ankapikisana ndi vinyo wochokera ku Ulaya. Unali mowa wa akapolo, ndipo unkagwiritsidwa ntchito kugulira akapolo ena ku Angola. Mu 1660 eni minda ya nzimbe a ku Rio de Janeiro anaukira bwanamkubwa, ndipo mu 1661 kutcheza kunaloledwa. Lero cachaça ndi chakumwa cha dziko, ndipo caipirinha wopangidwa naye ali pa menyu zomwezo za ku Kabulonga, mizere iwiri pansi pa Bellini. Ku Veneto kwa Cipriani komweko, grappa unali mowa wa alimi osauka wotchezedwa kuchokera ku makoko a mphesa otsala, ndipo tsopano umagulitsidwa m'mabotolo okongola pa mabwalo a ndege. Chitsanzo chapafupi ndi Uganda. Mu 1965 boma la kumeneko linakhazikitsa lamulo lopatsa ziphaso otcheza enguli, mowa wa nthochi, kuti azigulitsa ku fakitale imene inkautchezanso n'kuuyeretsa. Uganda Waragi anayamba motero. Sizinathetse mowa wa mseri, ndipo anthu akufabe nawo kumeneko, koma zinaonetsa kuti mayi wa paipi angathe kukhala wogulitsa wovomerezeka. Kenya inachotsa chiletso cha chang'aa mu 2010 pa mfundo yakuti azipangidwa mwaukhondo n'kuikidwa m'botolo. Ndikaona mikoko ya nthochi ikuda padzuwa pa Nyimba basi zitapita, ndimaganiza za lamulo la ku Uganda lija.

Tibwerere ku galasi, popeza kutentha kwa Okutobala kukubwera ndipo ena a inu mudzalandira alendo. Muyezo wa Bellini ndi wosavuta: gawo limodzi la phala la chipatso, magawo awiri a waini wa thovu. Ngati mwapeza mapichesi, asankheni ndi mphuno, chifukwa pichesi losanunkhira silingakupatseni kanthu. Aviikeni m'madzi owira kwa theka la mphindi, khungu lidzasendeka lokha, kenaka aphwanyeni ndi kuwasefa. Madontho ochepa a ndimu amaletsa phalalo kuda. Zonse zikhale zozizira kwambiri, phala, botolo ndi galasi lomwe, ndipo musaikemo ayisi. Thirani phala poyamba, pendeketsani galasi, tsanulirani waini pang'onopang'ono. Tizidutswa ta chipatso timachititsa mpweya wa mu waini kutuluka nthawi imodzi, n'chifukwa chake wothira mothamanga amakolopa tebulo. Takasani kamodzi ndi supuni, basi. Sikofunika kuti botolo likhale la ku Italy. Waini wa thovu wa ku Cape wosatsekemera amagwira ntchito yomweyo. Kwa osamwa mowa ndi kwa ana osafika zaka 18, madzi a soda ozizira amalowa m'malo mwa waini bwinobwino.

Koma mukafuna kuchita zimene Cipriani anachitadi, yang'anani chimene chapsa pafupi. Mango opanda ulusi wambiri ndiwo osavuta, ndipo kukoma kwake kumaposa pichesi lothyoledwa laliwisi ku Western Cape. Masuku amafuna khama: finyani mnofu, chotsani njere, sefani kawiri, ndipo muchepetse phala chifukwa ndi otsekemera kwambiri. Nthochi musayese, imada msanga ndipo imalemera moti thovu limafa. Masau ouma aviikeni usiku wonse m'madzi ofunda ochepa, m'mawa muwatikite ndi manja monga amachitira amayi a kuchigwa pokonza phala la masau, sefani pa nsalu yoyera, ndipo muthiremo uchi pang'ono chifukwa ndi owawasa. Mtundu wake sudzakhala wofiirira ngati wa ku Venice, udzakhala wa dothi la katondo. Masau atsopano amatha dzuwa lisanafike pachimake, choncho oti mudzagwiritse ntchito mu Okutobala muwagule pa Luangwa Bridge mu Julayi kapena Ogasiti, ndipo muwasunge pouma m'thumba la pepala.